Chitseko cha Mitundu Itatu

Namwino wamkulu wa kunyumba yosungirako okalamba anandiitanira muofesi mwake n'kundipatsa khofi ndi bisiketi. Anthu amenewa akayamba ndi bisiketi, ingodziwa kuti nkhani yake si yabwino.

"Mayi Jacomien, amayi anu anatulukanso dzulo," anatero. "Tinakawapeza pagalaji yoimikamo magalimoto ija, atanyowa ndi mvula, akusisita khoma."

"Nanga kuyenda ndi mlandu?"

"Kuyenda si mlandu, koma njira yobwerera sakuidziwa. Akadzatulukanso okha tidzawasamutsira m'mwamba. Pepani."

Za m'mwambamo ndinkazidziwa. N'kumene chitseko chimatseguka ndi manambala, ndipo manambalawo amawadziwa ndi anamwino okha. Amayi anga a Leentje, munthu amene moyo wawo wonse sanayendepo ndi kiyi m'chikwama, akawatsekere kumeneko? Ndinatuluka bisiketi ili m'manja, osailuma n'komwe.

Galajiyo inamangidwa pamene panali kamsewu kathu ka Lichterstraat, kuno kummwera kwa mzinda wa Rotterdam, kufupi ndi madoko. Kamsewuko anakagwetsa kalekale, amayi n'kupatsidwa nyumba ina ya m'mwamba yokwera pachikepe. Nthawi imeneyo sanadandaule kwenikweni. Koma mutu utayamba kusokonekera, nyumba yatsopanoyo ndi imene inayamba kufufutika, kenako malemu bambo anga, kenako masiku ena ineyo. Zimene zinakakamira ndi ziwiri basi, nyumba yathu yakale ya nambala 14 ndi Teun.

Teun ndi mchimwene wanga. Anakwera sitima yonyamula katundu asanakwanitse zaka makumi awiri. Sitimayo inabwerako, iye ayi. Ena ankati anatsika padoko lina n'kupezako mkazi, ena ankati anagwera m'nyanja. Papita zaka zoposa makumi anayi. Amayi sanalirepo maliro ake, ndipo tsopano mawu awo kwa ine, amene amanditchula mwachidule kuti Mien, anali amodzimodzi tsiku ndi tsiku: "Ndiperekeze kunyumba, Mien. Teun akabwera asowa polowera."

Ndinapalasa njinga kupita kugalajiko kuti ndikaone chimene chinkawakoka. Ine ndayendetsa tramu, kasitima koyenda m'misewu, mumzinda uno zaka makumi atatu. Mutandimanga nsalu kumaso ndikhoza kukuuzani kuti apa tili pamlatho, apa tadutsa msika. Koma nditakhota pakona ya galajiyo ndinatsala pang'ono kugwa panjinga. Kamsewu kathu kanali apo, kakundiyang'ana. Zitseko zazikulu ngati zenizeni, mawindo, njerwa zakuda ndi utsi, ngakhale shopu ya nsomba. Zonsezi zinali zojambulidwa pakhoma la galajiyo. Theka lina la khomalo linali konkire yotuwa yokhala ndi mizere ya choko. Ndinatembenuka kufuna kuona mtsinje kumene ndinkauyembekezera, ndinapezako nyumba zamagalasi. Mutu unandizungulira, osadziwanso kuti kummawa n'kuti.

Pamakwerero panali mtsikana wovala ovolosi yothimbirira ndi utoto, burashi ili m'manja.

"Iwe! Wakuuza ndani kuti shopu ya nsomba inali kumanzere?"

"Mwadzuka bwanji, mayi?" anayankha akuseka. "Andiuza anthu anayi. Atatu akuti inali kumanja."

"Ndiye atatuwo ndi amene mitu yawo ikugwira."

Anatsika n'kundipatsa moni ndi chigongono chifukwa manja anali utoto wokhawokha. Dzina lake anali Nadira. Akuluakulu a mzinda ndi amene anamupatsa khomalo kuti ajambulepo msewu umene unali pamalopo. Iye sanauonepo. Anabadwa atagwetsa kale, n'kukulira m'nyumba zazitali zija zimene mlendo amadina batani pansi, iwe n'kumutsegulira uli m'mwamba.

"Zithunzi zakale zilipo," anatero, "koma zilibe mitundu, ndiponso anangojambula mbali imodzi. Ndiye ndimafunsa anthu. Vuto n'loti aliyense ali ndi msewu wakewake. Wina akuti munali mitengo, wina akuti simunamerepo ngakhale udzu."

"Ndiye ukujambula bodza."

"Ndikujambula zimene mukukumbuka."

"N'chimodzimodzi," ndinatero, ngakhale mumtima sindinali wotsimikiza.

Nambala 14 inali isanajambulidwe. Panali mizere ya choko basi, ndipo pakati pa chitseko chokoyo inali itafufutika. Nadira anati agogo ena ovala chikhoti chotuwa amabwera n'kumasisita pomwepo, osalankhula ndi munthu. Atamva kuti ndi amayi anga, ndi kuti akufuna kuwatsekera m'mwamba, anasiya kuseka.

Maganizo amene anandibwerera anali opepera, ndikudziwa, koma ena ndinalibe. Ndinati nyumbayo itajambulidwa bwinobwino, ndizibwera nawo amayi Lamlungu lililonse, aione kuti ilipo, mtima ukhale pansi, asiye kuthawa. Nadira anavomera. Anandifunsa mtundu wa chitseko, ine n'kuyankha mosakayika kuti chinali chobiriwira.

"Chobiriwira? Mien, wakalamba iwe."

Anali a Kors, amene ankakhala pa nambala 16, munthu wogwira ntchito padoko mpaka msana unapindika. Ankabwera tsiku lililonse pakanjinga kawo kamagetsi kudzayang'anira ntchito imene palibe anawapatsa.

"Chitseko cha kwanu chinali chakhofi," anapitiriza. "Ndinapaka ndine ndi bambo ako, utoto wake tinatola padoko."

"Munatola kapena munaba?"

"Unagwa wokha m'sitima."

"Ine ndinabadwira m'nyumba imeneyo, a Kors. Inu munkangobwera kudzapempha shuga."

Nadira anatsatira mawu anga. Lamlungu ndinabwera nawo amayi, atakolowekera mkono wawo mu wanga. Atangoona khomalo nkhope yawo inawala. Analoza shopu ya nsomba n'kunena kuti mwini wake ankaba pasikelo. Analoza windo lina n'kutchula dzina la mayi amene ankayanika zovala Lamlungu osachita manyazi. Ine mtima unayamba kukhala m'malo. Titafika pa nambala 14 anaima, anayang'ana chitseko chobiriwiracho, anayendetsa dzanja pakati pake pamene Nadira anajambula kabowo koponyera makalata, n'kubweza dzanjalo.

"Si pathu pano."

"Amayi, taonani nambala."

"Nambala ndaiona, sindine wakhungu. Si pathu."

A Kors anatsokomola mwadala, kutsokomola kwa munthu wopambana mlandu. Sabata yotsatira chitseko chinali chakhofi. Amayi anachisisita pomwe paja n'kunena zomwe zija. A Kors anati utotowo wada kwambiri, sunali choncho. Ine ndinati vuto si chitseko, ndi windo lopanda kanthu. Nadira anajambula makatani oluka otsegula mbali zonse, monga timachitira kuno kuti odutsa aone kuti tilibe chobisa. Anawonjezera maluwa ofiira m'kamphika. Ndinamuuza za mphaka wathu, n'kumujambula atagona pawindo. Ndinamuuza za njinga ya Teun yopanda madigadi, n'kuiyedzamitsa pakhoma.

"Si pathu pano," anatero amayi. "Ndiponso mphaka ameneyu ndi wa ndani?"

Funso limenelo linandilowa ngati madzi ozizira. Kodi tinalidi ndi mphaka, kapena anali wa azakhali kumene ndinkapita patchuthi? Ndinayamba kukayika chilichonse. Ndikatseka maso chitseko chinkaoneka chobiriwira, kenako chinkasanduka chakhofi, ndipo tsiku lina ndili pakati potsuka mbale ndinamuona Teun akuchipaka utoto wabuluu, malaya atavula. Zinachitikadi zimenezo kapena ndinangolota? Ndinawafunsa amayi kuti chitseko chathu chinali cha mtundu wanji. Anandiyang'ana ngati ndawafunsa mtundu wa mphepo.

"Chitseko ndi chitseko, iwe. Ndiperekeze kunyumba."

Masana ena ndinalowa m'galajimo. Ndinayenda pakati pa magalimoto ndikuyesa kupeza pamene panali khitchini yathu. Ndinati ngati chitseko chili apo, masitepe anali apa, ndiye mbaula inali pamene paima galimoto yoyerayi. Kenako ndinakumbukira kuti khoma lojambulidwalo silili pamene panali nyumba zenizeni, likhoza kukhala pakati pa msewu kapena kuseri kwa nyumba za tsidya lina. Ndinangoima pamenepo kakasi. Bambo wina atanyamula matumba a zogula anandifunsa ngati ndaiwala pamene ndaimika galimoto.

"Ayi, ndataya khitchini," ndinatero. Anathamangira kugalimoto yake osacheukanso.

Nditamuuza Nadira za utoto wabuluu uja sanatsutse. Anapaka buluu pamwamba pa zonse. Utauma anatenga chitsulo chopalira n'kuyamba kupala malo ena, mpaka khofi anaonekera pansi pa buluu, ndipo chobiriwira chinasuzumira pansi pa khofi. Nditafika n'kuona, ndinapsa mtima.

"Chitseko chanji chonga nsalu ya zigamba? Ukufuna amayi anga apengeretu?"

"Mwina nonse mukunena zoona, mayi," anatero mofatsa. "Chitseko chokhala zaka zambiri sichipakidwa kamodzi. Inu mukukumbuka chaka china, a Kors chaka china."

"Ine sindikufuna zoona za aliyense. Ndikufuna chitseko chimodzi choti munthu wokalamba achizindikire."

"Ndayesa zonse zimene mwandiuza. Mwina pali chimene simunandiuze."

"Monga chiyani?"

"Ndikanadziwa bwenzi nditajambula."

Ndinachoka osatsanzika. Chimene chinkandipweteka n'choti chitseko chazigambacho chinkafanana ndi chathu kuposa zina zonse zija, koma sindikanatha kunena chifukwa chake. Ndinali nditataya mtima. Kunyumba ya okalamba anandiuza kuti amayi akumakhala pafupi ndi khomo tsiku lonse, chikhoti chili m'thupi, kudikira kuti wina atsegule.

Lamlungu m'mawa ndinapeza chipinda chawo chili pululu. Bedi linali loyala bwino, chikhoti palibe, nsapato zili pansi pa mpando. Pabedipo panali sizasi, ndipo katani ya pawindo inali italendewera mbali imodzi chifukwa chingwe chake chinali chitadulidwa. Sindinafunse namwino aliyense. Ndinatuluka mwakachetechete ngati ndaiwala kanthu panjinga, n'kupalasa ngati mtsikana, mtima uli m'mwamba. Chingwe cha katani akachite nacho chiyani munthu wa zaka pafupifupi makumi asanu ndi anayi? Zimene zinkabwera m'mutu mwanga sindikufuna kuzinena.

Ndinawapeza pakhoma paja, atavala masilipasi. Nadira anali ataima chapatali, chitini cha utoto chili m'manja, ndipo a Kors anali atazimitsa kanjinga kawo, onse akungoyang'ana. Amayi anali atagwira chingwe chija. Ankakankhira nsonga yake pakabowo ka makalata kojambulidwa kaja, n'kusiya, chingwe n'kugwa pansi. Ankawerama pang'onopang'ono, dzanja lina lili pakhoma, n'kuchitola, n'kuyambiranso.

"Amayi, mukutani?" ndinafunsa ndili wefuwefu.

Anatembenuka ndi nkhope yaukali imene ndinaiona komaliza ndili pasukulu.

"Wachotsa chingwe ndani? Ndakuuza kangati kuti chingwe chisamachoke pachitseko? Mwanayo akabwera alowa bwanji?"

Dzanja langa lamanja linadzuka lokha, linagwira m'malere n'kukokera pansi, ndipo bondo linapita kutsogolo. Thupi linakumbukira mutu usanadziwe kanthu. Ndinamva kulira kwa loko, ndinamva fungo la supu wa nandolo pamasitepe. Ndinakhala pachidebe cha Nadira osaona n'komwe ngati chinali chotseka.

A Kors anavula chipewa n'kudzimenya nacho pabondo.

"Ha! Chingwe! Anthu inu, chingwe!"

"Chingwe cha chiyani?" anafunsa Nadira.

"Mwanawe, mumsewu muno munalibe mwana woyenda ndi kiyi," anatero a Kors. "Chitseko chilichonse chinali ndi chingwe chomangirira kuloko m'kati, nsonga yake n'kutulukira pakabowo ka makalata. Ukabwera kusukulu umangokoka, chitseko n'kutseguka! Walowa."

"Ndiye aliyense akanatha kulowa? Nanga akuba?"

"Akabe chiyani, mbatatesi?"

"Kenako akuba anabweradi," ndinatero. "Anthu anayamba kuchotsa mmodzimmodzi. Mumsewu monse chinatsala chathu chokha. Bambo ankachilowetsa m'kati, amayi n'kuchitulutsanso, mpaka bambo anatopa. Tsiku limene ankagwetsa nyumba chinali chikadalendewera."

Nadira anatiyang'ana tonse awiri modabwa. "Ndafunsa anthu oposa makumi atatu. Andiuza za fungo la nsomba, za amene ankamenya mkazi wake, za mtundu wa makatani. Palibe ndi mmodzi yemwe anatchula chingwe."

Nanenso sindinachitchule. Chifukwa chake sindikuchidziwa mpaka lero. Chinthu chimene ndinachikoka tsiku lililonse la ubwana wanga, ndinachiiwala bwanji n'kumakumbukira mphaka wa eni ake? Mwina n'chifukwa choti sitinkachiyang'ana, tinkangochigwira.

Nadira anatenga burashi yaing'ono. "Ndichijambule pompano."

"Chojambula sachikoka," anatero amayi, osamuyang'ana n'komwe.

Mtsikanayo anaima kanthawi akuyang'ana kabowo kake kaja. Anali atakajambula mwaluso, kachitsulo kake kakuwala ngati kapukutidwa m'mawa womwewo. Kenako anapita kugalimoto yake n'kubwera ndi makina obowolera.

"Eni khomali andidya wamoyo," anatero.

"Uwauze kuti bowolo linagwa lokha m'sitima," anatero a Kors.

Anabowola pakati penipeni pa ntchito yake, fumbi la konkire likuthothokera pa mitundu itatu ija. Anathira zomatira m'bowomo n'kulowetsa nsonga ya chingwe cha katani. Amayi anaima pambali pake ngati kapitawo.

"Chitsike pang'ono. Ndi wamfupi, safikira."

Teun anachoka pano ali wamtali kuposa bambo. Sindinawakonze. Ndinangotembenukira kumbali kuti asaone nkhope yanga.

Zomatira zitagwira, amayi anatambasula dzanja n'kukoka. Ndinadziwa kuti palibe chitseguke, ndipo ndinkaopa kuti anenanso mawu aja, tibwerere pomwe tinayambira. Chingwe chinakungika, khoma linangokhala khoma. Amayi anapendeketsa mutu ngati akumvetsera kanthu m'katimo.

"Loko wauma," anatero. "Koma iye amadziwa, amakankha ndi bondo." Anasisita chitsekocho kamodzi n'kukolowekanso mkono wawo mu wanga. "Tiye tizipita, Mien, kwazizira. Akabwera alowa yekha."

Titafika kunyumba ya okalamba tinapeza namwino wamkulu ataima pakhomo, foni ili m'manja.

"Ndinawatenga ndine," ndinatero asanatsegule pakamwa. "Ndinaiwala kunena."

Anayang'ana ine, anayang'ana masilipasi a amayi onyowa aja, n'kuika foni m'thumba.

"Ulendo wina muziwaveka nsapato, Mayi Jacomien."

Amayi sanathawenso. Ali m'chipinda chawo chomwe chija chapansi, chikhoti chili pamsomali. Masiku ena amandidziwa, masiku ena amanditcha dzina la mng'ono wawo amene anamwalira kalekale, koma funso lawo silisintha. Ndikangolowa amati, "Chingwe chilipo?" Ine ndimati chilipo, iwo n'kupitiriza kumwa khofi wawo.

Kuti ndisawanamize, ndiyenera kumakaona. Ana a sukulu amachizula, mvula imachiwoletsa, ndipo tsiku lina ndinapeza wina atamangirirapo galu. Nadira anaikamo kambedza kachitsulo kuti ndizitha kumanga china, ndiye m'chikwama mwanga simusowa chingwe. Khoma lonse anamaliza kulijambula, anthu amabwera kudzajambulitsa pamenepo, ndipo a Kors amauza aliyense kuti chitseko chinali chakhofi. Ine mtundu wake sindikuudziwabe. Sindikudziwa ngati shopu ya nsomba inali kumanja, ngati tinali ndi mphaka, ngati Teun ali moyo kwinakwake, nkhalamba ya imvi yolankhula chilankhulo china.

Amene amapita kugalajiko m'mawa uliwonse tsopano ndine. Ndikudziwa bwino lomwe kuti ndi konkire, ndipo kuseri kwake kuli magalimoto a anthu. Koma ndikamanga chingwe chatsopano ndimayang'ana uku ndi uku, ndikaona kuti palibe akundiona ndimakoka kamodzi, bondo lili pachitseko.